Munthu amene sanamenyepo nkhondo angatiuze zoona za mantha a msilikali?

Mphunzitsi_Linthipe
Anzanga apagulu, pali nkhani ikundisowetsa mtendere. Mwezi watha ndili ku Lilongwe ndinapeza buku kwa anyamata ogulitsa mabuku akaunjika, chikuto chake chong'ambika kale, mutu wake The Face of Battle. Analilemba ndi John Keegan wa ku Britain, linatuluka mu 1976. Ndinaligula chifukwa ndimaphunzitsa mbiri yakale ku sekondale, ndipo ndatopa ndi kuona ana akuloweza zaka ndi mayina a mapangano ngati kuti kunkhondo sikufa anthu. Gawo lokamba za nkhondo ya ku Somme, ku France pankhondo yoyamba ya padziko lonse, linandigoneka mochedwa masiku atatu. Koma chandivuta ndi ichi: pa tsamba loyamba penipeni mkuluyu akuvomera yekha kuti sanakhalepo pankhondo, sanaionepo ngakhale chapatali. Tsono tingamukhulupirire bwanji akamafotokoza zimene zimachitika mumtima mwa msilikali pamene zipolopolo zikulira? Amene munawerengapo mabuku ake, kapena munavalapo yunifolomu, ndithandizeni ndisanakaime nalo pamaso pa ana.

Dalitso_wa_Ndirande
Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Ine nkhani ya nkhondo ndingaimve kwa amene anaponyako phazi, osati kwa munthu wa mulaibulale.

Chisomo_Leeds
Achimwene a Dalitso, musafulumire. Keegan sikuti anathawa usilikali. Ali mnyamata anadwala TB ya m'mafupa imene inamupundula mwendo, choncho sakanamulemba. Koma kuyambira 1960 mpaka 1986 ankaphunzitsa pa sukulu ya asilikali ya Sandhurst, ndipo amene ankadya nawo limodzi tsiku ndi tsiku anali anthu oti anamenya nkhondo yachiwiri ya padziko lonse, ena ku Korea, ena ku Malaya. Iye ankachita manyazi kuphunzitsa anyamata opita kunkhondo chinthu chimene iye mwini sanachilawe, ndipo bukulo linabadwa m'manyazi amenewo. Anaona kuti mabuku akale a nkhondo amangoti gulu lakuti linasunthira kumanzere, gulu lakuti linathyola adani, ngati kuti ndi mbewu za pabawo. Ndiye anayamba kufunsa mafunso amene ena ankawalumpha. Kodi munthu amene ali mumzere wachitatu akuona chiyani? Wadya chiyani m'mawa? Akavulala amutola ndani? N'chiyani chikumuletsa kutembenuka n'kuthawa? Kwa ine mafunso amenewa ndi amene amalipatsa bukuli mtengo.

Dalitso_wa_Ndirande
Kufunsa aliyense angafunse. Mayankho anawatenga kuti?

Chisomo_Leeds
Kwa asilikali eniakewo. Pa nkhondo ya ku Waterloo, imene Napoleon anagonja pa 18 June 1815, anagwiritsa ntchito makalata amene msilikali wina dzina lake William Siborne anatolera kwa opulumuka patapita zaka. Pa Somme panali makalata, madayale, malipoti a madokotala ndiponso mawu a madala amene anali akadali moyo. Povuta panali pa nkhondo ya Angerezi ndi Afalansa ya ku Agincourt mu 1415, chifukwa kumeneko msilikali wamba sanasiye mawu alionse. Kumeneko ankachita kuyerekeza ndi nzeru: bwalo linali lalikulu bwanji, matope anali otani, munthu wovala zitsulo akagwa pakati pa anzake amene akukankha kumbuyo chimachitika n'chiyani.

Mphunzitsi_Linthipe
Za Waterloo zinandigwira mtima ndi pamene akufotokoza kuti hatchi siingathamangire dala pa mzere wa mipeni ya kumfuti. Asilikali oyenda pansi akaima mothithikana mbali zonse zinayi osagwedezeka, okwera pahatchi ankangozungulira. Woyamba kuthawa ndi amene ankaphetsa anzake. Zithunzi za m'mabuku athu zimaonetsa zina.

NyaMwakasungula
Pepani ndilowepo. Makalata a Siborne amene mukunenawo analemba ndi mabwana, anthu odziwa kulemba ndiponso okhala ndi mbiri yoti aiteteze. Msilikali wamba amene anagona pamvula usiku wonse nkhondo isanayambe, mawu ake ndi ochepa kwambiri. Ndiye ngakhale buku lofuna kumva za munthu wapansi limadalirabe cholembera cha munthu wapamwamba. Kumbukirani mfundo imeneyi, ndibwereranso.

Sajeni_Wopuma
Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Ine ndinavala yunifolomu zaka zoposa makumi awiri, ndipo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980 ndinali m'gulu la amene tinkalondera njanji ya ku Nacala, dziko la Mozambique lili pankhondo. Bukulo mwana wanga anandibweretsera zaka zapitazo. Chingerezi chake n'cholemera, ndinaliwerenga pang'onopang'ono, malo ena kawiri.

Aphunzitsi, ndikuyankheni chonchi. Tsiku limene ndinayamba kumva zipolopolo zikudutsa pamutu panga, zimene ndinaona ndi udzu, chitsulo cha njanji, ndi chidendene cha nsapato ya mnzanga amene anagona patsogolo panga. Basi. Amene ankatiwomberawo sindinawaone nkhope. Kaya zinatenga mphindi zisanu kaya ola, sindingalumbire. Madzulo ake titakhala pansi asanu, aliyense ankafotokoza zosiyana, wina akuti anachokera kumanja, wina akuti kutsogolo, ndipo panalibe wabodza pakati pathu. Ndiye mukati amene analipo yekha ndiye alembe, alemba za udzu ndi chidendene. Pamafunika wina woti atolere za asanu tonsefe, aike pamodzi ndi mapu ndi malipoti, kenako anene kuti chinachitika ndi ichi. Mkuluyu anachita zimenezo, ndipo ndinamulemekeza chifukwa sananamizire kuti analipo.

Chimene analondola kwambiri n'chakuti munthu suima chifukwa cha mbendera. Mbendera umaikumbukira pa perete. Pamalopo umaima chifukwa mnzako amene munagawana naye madzi a m'botolo m'mawa akukuona, ndipo ukathawa udzakhala naye bwanji mawa lake.

Dalitso_wa_Ndirande
A Sajeni, ulemu wanu. Apa ndamvako. Koma palibe chimene anaphonya?

Sajeni_Wopuma
Chilipo, mwana wanga. Iye analemba za tsiku la nkhondo. Koma moyo wa msilikali, masiku ochuluka ndi kudikira. Kudikira chakudya, kudikira kalata yakumudzi, kudikira kuti kuche. Mapazi kutupa m'nsapato, malungo, ludzu. Kuyenda ukuyang'ana pansi chifukwa cha mabomba okwirira, mpaka ukabwerera kwanu umapezeka ukuyendabe choncho popita kumunda. Ndiponso za kubwerera kunyumba sanakambe mokwanira. Ine ndinatha chaka ndisakugona bwino, chitseko chikamenyeka ndi mphepo ndinkadzuka mtima uli m'mwamba. Mayi a kunyumba ndi amene angalembe gawo limenelo kuposa ine.

Mayi_a_Tadala
Bambo Sajeni, mwanena zoona. Malemu bambo anga aang'ono anali msilikali, ndipo azakhali ankati munthu amene anabwera si amene anapita. Mabuku ambiri amathera pamene mfuti zasiya kulira.

Kondwani_Geo
Ine ndimakonda Antony Beevor kuposa Keegan. Iye anali msilikali ndithu, ndipo pa Sandhurst anaphunzitsidwa ndi Keegan yemweyo. Buku lake la Stalingrad la 1998, lokamba za nkhondo ya mumzinda wa ku Soviet Union wa dzina limenelo, ukaliyamba sufuna kulisiya. Anapita ku Moscow nthawi imene nkhokwe za zikalata zinatsegulidwa Soviet Union itatha, n'kupeza malipoti amene kale anali obisidwa. Umamva za nsabwe, za njala, za asilikali a Germany akudya mahatchi awo atazingidwa m'chisanu, za makalata omaliza olembera akazi awo. Nkhondoyo inatha pa 2 February 1943, asilikali a mbali ya Germany pafupifupi 91,000 anagwidwa ukapolo, ndipo amene anadzabwerera kwawo anali cha m'ma 5,000 kapena 6,000 okha.

Chisomo_Leeds
Beevor amadziwa kukamba nthano, sindikana. Koma ntchito zawo n'zosiyana. Beevor amakuuza zimene zinachitika, tsiku ndi tsiku, mudzi ndi mudzi. Keegan amaima pamalo amodzi n'kufunsa kuti zimatheka bwanji kuti munthu apirire zotere. Komanso samalani ndi ziwerengero. Beevor analemba kuti asilikali a Soviet 13,500 anaphedwa ndi akuluakulu awo omwe ku Stalingrad chifukwa chothawa kapena mantha, ndipo akatswiri ena amene anafufuza zikalata zomwezo pambuyo pake amati chiwerengerocho n'chokwera kwambiri.

Kondwani_Geo
Ndiye Keegan wanuyo sanalakwitsepo? Anadalira kwambiri S.L.A. Marshall wa ku America, amene mu 1947 ananena kuti pankhondo yachiwiri asilikali owombadi mfuti zawo sankaposa mmodzi mwa anayi alionse. Patapita zaka anthu anafufuza n'kupeza kuti Marshall analibe umboni wolongosoka wa chiwerengero chimenecho. Ndipo Keegan yemweyo atapita kukagwira ntchito ku nyuzipepala ya Daily Telegraph anaikira kumbuyo nkhondo ya ku Iraq ya 2003. Munthu wolemba bwino chonchija za kuvutika kwa msilikali, n'kudzavomerezanso kuti anyamata atumizidwe. Chimenecho chimandiwawa.

Chisomo_Leeds
Pa za Iraq sindimuteteza, nanenso zinandikhumudwitsa. Pa za Marshall, mu 1976 pafupifupi aliyense ankamukhulupirira. Kutsutsa kwakukulu kunabwera m'zaka za m'ma 1980.

Sajeni_Wopuma
Za mmodzi mwa anayizo sindikudziwa anawerenga bwanji, chifukwa pamalopo palibe amene amakhala ndi kope. Chimene ndinaona ine n'chosiyana. Anyamata atsopano vuto lawo linali kuwomba kwambiri, kuwombera tchire lopanda munthu mpaka zipolopolo kutha, chifukwa phokoso la mfuti yako limakutonthoza. Ntchito ya sajeni inali kuwaletsa.

NyaMwakasungula
Ndinati ndibwereranso. Ine kwathu ndi ku Karonga. Pa 9 September 1914 kunamenyedwa nkhondo pakhomo pathu penipeni, asilikali a Germany atalowa kuchokera kumpoto. Izi zisanachitike, mu August chaka chomwecho, sitima ya Angerezi ya Guendolen inali itawombera kale sitima ya Ajeremani ya Hermann von Wissmann kutsidya kwa nyanja. Amene ankagwira mfuti mbali zonse ziwiri ambiri anali anthu akuda. Tsono tsegulani mabuku akuluakulu a azungu okamba za nkhondo yoyamba, kuphatikizapo la Keegan la 1998, muwerenge masamba amene apatsa Africa. Ndi ochepa, ndipo dzina lomveka ndi la Lettow-Vorbeck, mkulu wa asilikali a Germany, ndi mmene anazembera adani mpaka kukagonja ku Abercorn, kumene lero ndi Mbala ku Zambia, pa 25 November 1918. Amene anasenza nkhondo imeneyo pamutu sakuoneka.

Aphunzitsi, ngati mukufuna buku limene linachitira agogo athu zimene Keegan anachitira anyamata a ku Somme, funani The Chiwaya War la Melvin Page, la chaka cha 2000. Page ndi wa ku America, nayenso sanamenye nawo nkhondoyo, anali asanabadwe n'komwe. Koma ali kuno m'zaka za m'ma 1970 anayenda m'midzi, mothandizidwa ndi ophunzira a ku yunivesite, kufunsa madala amene anali asilikali a KAR (King's African Rifles, gulu lankhondo la atsamunda) ndi amene anali amtengatenga. Anthu a ku Nyasaland amene anasenza katundu wa nkhondo imeneyo anali pafupifupi 200,000, m'dziko limene anthu ake sankafika mamiliyoni awiri. Ambiri sanapite mwa kufuna kwawo. Ankagwidwa m'midzi, mafumu akukakamizidwa kupereka anthu. Katundu woposa makilo 20 pamutu, mtunda wa masiku, chakudya chochepa, kamwazi, chikoti. Akazi anatsala okha m'minda, njala inalowa, kenako mu 1918 kunabwera chimfine chija chimene chinatha anthu. Akanapanda kufunsidwa nthawi imeneyo, madala aja akanapita nazo kumanda.

Dalitso_wa_Ndirande
Dikirani kaye, chiwaya chake chomwechi chokazingira tchipisi?

NyaMwakasungula
Chomwecho. Madala ankatchula mfuti ija yolira mosalekeza kuti chiwaya, ndipo nkhondo yonse inatengera dzina pamenepo.

Kondwani_Geo
Agogo anga ankati n'chifukwa cha kulira kwake, ngati chimanga chikuthetheka pokazinga. Ena amati mfutiyo inkatentha ngati chiwaya chili pamoto.

Mayi_a_Tadala
Mawu ambiri anabwera ndi asilikali. Ngakhale malipenga a kumpoto ndi kunyanja, taonani yunifolomu zoyera zija, mizere, ndodo ya mtsogoleri, maudindo a m'gulu. Ndi perete amene anthu anamuona n'kumusandutsa gule. Kwathu ku Kasungu mganda ulinso chimodzimodzi.

Dalitso_wa_Ndirande
Mganda wa ku Dowa ndi umene uli weniweni, a ku Kasungu munangotengera.

Mayi_a_Tadala
Imeneyo tidzakangane tsiku lina, achimwene, ndili ndi mayankho ake.

Mphunzitsi_Linthipe
Tibwerere ku nkhani yathu, abale. Mayi NyaMwakasungula, mwanditsegula maso. Ndimaphunzitsa za John Chilembwe chaka chilichonse, ndipo ana amadziwa za January 1915, koma ndi ochepa amene amagwirizanitsa kuukira kuja ndi nkhondo imeneyi. Chonsecho mu November 1914, magazi a ku Karonga asanaume, iye analembera kalata nyuzipepala ya Nyasaland Times kudandaula kuti anthu osauka akufera nkhondo imene si yawo, n'kusiya akazi amasiye ndi ana amasiye amene adzafunsidwabe msonkho. Boma linaletsa kalatayo kufalikira.

Komabe ndisabise, gawo la Somme sindingalisiye. Tamvani mmene zinalili. Kwa sabata yathunthu mizinga ya Britain inaponya mabomba oposa miliyoni imodzi ndi theka, ndipo anyamata anauzidwa kuti kutsogoloko sikukhala wamoyo, waya waminga adzakhala ataduka, iwo akangoyenda n'kukalanda ngalande za adani. Koma Ajeremani anali atakumba zipinda zakuya pansi pa nthaka, ndipo mabomba ambiri sanali a mtundu woti n'kugumula zimenezo kapena kudula waya. Pa 1 July 1916, nthawi ya 7:30 m'mawa, mizinga itasunthira patsogolo, unangokhala mpikisano: afike msanga ndani, amene akuyenda pabwalo atasenza katundu wa makilo pafupifupi 30, kapena amene akukwera masitepe ndi chiwaya chake. Tsiku limodzi lokhalo asilikali a Britain oposa 57,000 anavulala, kusowa kapena kufa, ndipo akufa anaposa 19,000. Chowawa kwambiri n'chakuti ambiri analowa usilikali m'magulu a anthu a tauni imodzi, ogwira ntchito pa fakitale imodzi, atalonjezedwa kuti sadzasiyanitsidwa. Ndiye uthenga wa maliro unkafika msewu wonse tsiku limodzi, nyumba ndi nyumba. Ndikaganiza za mudzi wathu, anyamata onse a timu ya mpira kutha m'mawa umodzi, ndimalephera kupitiriza kuwerenga.

NyaMwakasungula
Sindinati mulisiye, aphunzitsi. Mayi wa ku Accrington, imodzi mwa matauni a ku England amenewo, amene anataya mwana wake analira misozi yomweyo imene analira mayi wa ku Mulanje. Kusiyana kwake n'kwakuti wa ku Accrington dzina la mwana wake linalembedwa pamwala. Mu 2021 bungwe losamala manda a asilikali la Commonwealth War Graves Commission linavomera poyera kuti anthu osachepera 116,000, mwinanso kufika 350,000, ambiri a iwo a mu Africa muno, sanakumbukiridwe ndi mayina awo kapena sanakumbukiridwe n'komwe. Agogo a mayi anga anatengedwa kukasenza katundu kulowera ku Tanganyika ndipo sanabwerere. Palibe manda, palibe pepala. Dzina lawo tinalipereka kwa mchimwene wanga kuti lisatayike.

Sajeni_Wopuma
Pepani mayi. Pa chipilala cha KAR ku Zomba ndaimapo kangapo mwezi wa November. Timaimba lipenga, timakhala chete, koma amtengatenga sindinamvepo akutchulidwa mokwanira, chonsecho popanda iwo msilikali sakanadya kapena kuwomba. Ife a yunifolomu tili ndi ngongole kwa anthu amenewo.

Chisomo_Leeds
Apa tagwirizana. Koma ndionjezere kuti njira imene Keegan anatsegula ndi imene yathandiza kuti mabuku okamba za asilikali wamba achuluke, kuphatikizapo a ku Africa. David Killingray analemba Fighting for Britain mu 2010, za asilikali a mu Africa pankhondo yachiwiri, kuphatikizapo amene anapita ku Burma. Timothy Parsons analemba za moyo wa asilikali a KAR. Vuto ndi mtengo. Mabuku amenewa ngakhale kuno ndi odula, ndipo onse ali m'Chingerezi. Madala amene anafunsidwa ndi Page ankayankha m'Chichewa, m'Chiyao, m'Chitumbuka, mawu awo n'kumasuliridwa, ndipo lero zidzukulu zawo zikufunika Chingerezi kuti zimve zimene agogo awo ananena.

Dalitso_wa_Ndirande
Ichi ndiye chandipweteka kuposa zonse zimene zanenedwa pano.

Kondwani_Geo
Agogo anga aamuna anali ku Burma mu 1944, m'chigwa cha Kabaw, nthawi ya mvula. Ankangonena zinthu ziwiri: matope ofika m'mawondo ndi misundu. Tikafunsa za kumenyana ankasintha nkhani n'kutituma madzi. Anamwalira ndili Fomu 2, ndipo palibe aliyense wa ife amene anaganiza zokhala nawo pansi ndi kope. Chimene chatsala ndi mendulo ziwiri m'kachitini.

Mayi_a_Tadala
Ndiye a Sajeni tili nawo pano, amoyo, akulankhula bwinobwino. Anzawo a ku Nacala alipo, anyamata amene abwera ku Congo alipo, akazi awo alipo. Tikudikiranso mlendo adzatifunsire?

Sajeni_Wopuma
Mayi, kulankhula n'kovuta kuposa mmene mukuganizira. Zina tinalumbira kuti sitidzanena, zina mtima sufuna. Zimene ndalemba pamwambapa ana anga sanazimvepo, ndazilemba chifukwa pano simukundiona nkhope. Koma aphunzitsi akafuna, ndingabwere kudzakhala ndi ana awo ola limodzi. Ndisadzafunsidwe kuti ndinapha angati, funso limenelo ana amalikonda ndipo sindiliyankha. Andifunse za chakudya, za tulo, za makalata, za mnzanga wa chidendene uja. Ali moyo, amalima fodya ku Mchinji, mwina ndingamukoke tibwere awiri kuti ana adzamve okha mmene timasiyanirana pofotokoza tsiku limodzi lomwelo.

Mphunzitsi_Linthipe
Bambo Sajeni, ndalandira ndi manja awiri. Ndikambirana ndi ahedi Lolemba, ndipo ndikulemberani kumbali za tsiku ndi mayendedwe. Ndisanakuitaneni ndiwawerengera ana masamba angapo a Somme, ndiwamasulire m'Chichewa, kuti adzakhale ndi pofunsira. Mayi NyaMwakasungula, buku la Page muli nalo lanulanu kapena munabwereka?

NyaMwakasungula
Ndili nalo langa, koma masamba ena ndinalembamo ndi pensulo. Mchemwali wanga akutsika ku Lilongwe kumapeto kwa mwezi, ndimupatsira. Mukamaliza mubweze, ndi limodzi lokhalo.

Dalitso_wa_Ndirande
Aphunzitsi akamaliza, lidutsire kuno ku Blantyre lisanabwerere ku Karonga. A Sajeni, la Keegan lija mukadali nalo?

Sajeni_Wopuma
Ndili nalo. Masamba a kumapeto anadyedwa ndi chiswe, koma Waterloo ndi Somme zilipo zonse.